Makina ndi abwino, koma pulamba wa ku sitolo anatimiza m'madzi

Ndapereka nyenyezi zitatu, ndipo zonse ndi za makina otsukira mbalewo, osati za anthu amene anatigulitsa.

Makina otsukira mbale tinagula pa sitolo ina m'tauni muno mu Chipata, n'kuwonjezera K400 yoti atumize munthu wawo adzalumikize ku mpope. Mnyamata wogulitsa anandiuza akumwetulira kuti, "Amayi, ntchito ya mphindi khumi iyi, pulamba wathu ndi katswiri." Ndinalipira osanyinyirika.

Katswiri uja anafika patapita masiku atatu, ali ndi sipanala imodzi ndi tepi yoyera ija yokulungira mapaipi. Tsiku limenelo mpope wathu kuno ku Kalongwezi unali wouma kuyambira m'mawa. Anadula paipi ya madzi ozizira pansi pa sinki, anayikapo T (cholumikizira chogawa madzi njira ziwiri), n'kumangirira hozi ya makina. Ndinamufunsa kuti, "Achimwene, simuyikapo valavu yotsekera?" Anati n'kuwononga ndalama, makina ali ndi yake m'kati. Ndinafunsanso kuti tidziwa bwanji kuti sipakudontha popeza madzi kulibe. Anangoti, "Musade nkhawa amayi, ndamanga zolimba," basi ulendo.

Madzi anabwera cha m'ma 2 koloko usiku. Mukudziwa mmene amabwerera akasowa tsiku lonse: mpope umayamba watsokomola mpweya, kenako amatuluka ndi ukali. Ife tinali m'tulo. Anandidzutsa ndi mwana wanga wamng'ono, akulira kuti waponda madzi popita kuchimbudzi. Nditayatsa getsi ndinapeza khitchini yonse ili dziwe, madzi adutsa kale pakhomo mpaka pa kapeti ya pabalaza. Thumba la ufa la makilogalamu 25 linali pansi, linanyowa mpaka pakati. Mtedza umene amayi anga anatitumizira kuchokera ku Chadiza unali kuyandama m'chithumba chake. Kabati ya pansi pa sinki inafufuma, chitseko chake sichitsekekanso mpaka lero. Bambo a ana anathamangira panja ndi tochi ya pa foni kukatseka pa mita, chifukwa m'nyumba munalibe potsekera, valavu ija munthu anakana. Tinakolopa mpaka tambala kulira, ana n'kupita kusukulu maso ali psuu.

Kutacha ndinakoka makina, ndipo pansi pake ndinapeza kamphira kakuda kozungulira. Kameneka kamayenera kukhala m'kati mwa nati ya hozi, ndiko kamatseka madzi. Munthuyo anakagwetsa, m'malo mokafunafuna anakulunga tepi pa mazinga n'kumanga nati ya pulasitiki ndi sipanala mpaka inang'aluka. Nati yoti imamangidwa ndi dzanja! Zimenezi zajambulidwa m'kabuku kamene kanabwera ndi makina, iye sanakatsegule n'komwe.

Nditapita kusitolo ndi kamphirako m'manja, mnyamata uja anasintha nkhope. Akuti madzi akwathu ndiwo ali ndi mphamvu yambiri. Nditakana, akuti pulambayo si wantchito wawo, amangomuitana. Nanga K400 ndinapereka m'manja mwa ndani? Risiti ili ndi dzina la ndani? Apa ndiye panandiwawa kuposa ufa uja.

Anatiwombola ndi bambo ena achikulire a ku Kapata amene aneba anatilozera. Sanayambe ntchito mpaka madzi alipo. Anayika valavu yaing'ono pafupi ndi T, ndipo anapezanso zina ziwiri zimene mnzawo anasiya. Kamlomo ka pa paipi yotaya madzi ya sinki, pamene pamalowa hozi yotulutsa madzi akuda, kanali kotsekabe ndi pulagi yake, ndiye makina sakanatha kutaya madzi. Hoziyonso inangogonekedwa pansi. Iwo anaikweza kaye m'mwamba pansi pa kauntala isanatsikire ku sinki, kuti madzi a mafuta a mu sinki asabwerere m'makina.

Anandifotokozeranso za thanki, zimene kusitolo sanatchule. Kabuku kamati makina amafuna mphamvu ya madzi yosachepera theka la bar (bar ndi muyeso wa mphamvu imene madzi amakankhira m'paipi). Thanki imapereka pafupifupi bar imodzi pa mamita 10 alionse a msinkhu, ndipo yathu ili pa sitandi ya mamita 4. Ndiye masiku amene mpope wauma n'kumadalira thanki, makina akanangolira osadzaza. Tinagula kapampu kowonjezera mphamvu, ndalama inanso imene sitinaikonzekere. Ngati muli ndi thanki kapena chitsime cha borehole, funsani zimenezi musanalipire.

Kunena chilungamo, patapita sabata woyang'anira sitolo anandiimbira yekha, anapepesa mwaulemu, n'kutumiza hozi yatsopano yaulere. Mtima unatsikako pang'ono. Makinawonso sindingawanamizire. Makapu, mbale ndi masipuni zimatuluka zili mbee, zouma, ndipo madzi amene amatha ndi ochepa poyerekeza ndi mabeseni awiri amene tinkatsukira. Tsiku la Sabata tikalandira alendo a kutchalitchi, mwana wanga wamkulu sakhalanso pa sinki mpaka mdima. Mphika wa nsima wokha ndiwo amaulephera: makoko muyenera kuwaviika ndi kuwapala kaye. Kasefa ka pa hozi yolowetsa madzi ndimakatsuka kawirikawiri, chifukwa madzi akabwera ofiira kamadzaza mchenga.

Usiku uliwonse ndimatseka valavu ndisanagone. K400 ija sanandibwezere, ndipo mtedza wa amayi tinauyanika pa mkeka masiku anayi koma theka unachita nkhungu.