Buku la mapu a kalembera wa ku America, patatha miyezi ndikuligwiritsa ntchito

Nditangogula buku la William Thorndale ndi William Dollarhide lotchedwa Map Guide to the U.S. Federal Censuses, 1790-1920, ndinalemba mwachidule kuti ndi buku la mapu okhaokha, lopanda nkhani, lopanda dzina la kholo la munthu aliyense, ndipo ndinalonjeza kudzanenanso bwino ndikaligwiritsa ntchito. Pano chaka chatsala pang'ono kukwana, ndipo zomwe ndinanenazo sizinasinthe. Mukalitsegula kuti mupezemo agogo anu, mulitseka mutakhumudwa. Komabe mwa mabuku onse ofufuzira mibadwo ya mabanja amene ali m'nyumba muno, ili ndi lomwe lada m'mphepete chifukwa chogwiragwira.

Ine kwathu ndi ku Balaka. Bambo a kunyumba kuno ndi munthu wakuda wa konkuno ku America, ndipo makolo awo anali m'gulu la anthu akuda pafupifupi 6 miliyoni amene anachoka kummwera kwa dzikoli kupita kumpoto ndi kumadzulo kuyambira cha m'ma 1910 kufika 1970. Mbali yanga ana athu saisowa, pakuti amalume anga amatha kutchula mbumba yonse popanda pepala. Mbali ya bambo awo inkathera pa zomwe apongozi anga amakumbukira: kuti agogo awo ankalima fodya kufupi ndi Henderson, ku North Carolina. Basi, ndi pomwe tinayambira.

Kuno ku America pafupifupi chigawo (state) chilichonse chinagawidwa m'maboma ang'onoang'ono otchedwa county, ndipo kalembera, maukwati, malo ndi chuma chamasiye zonse zimalembedwa motsatira county. Henderson lero ndi likulu la Vance County. Koma mukafufuza banja la ku Vance mu kalembera wa 1880, simupeza munthu ngakhale mmodzi, chifukwa county imeneyi inakhazikitsidwa mu 1881, itadulidwa kuchokera ku Granville, Warren ndi Franklin. Anthuwo sanasamuke, anasamuka ndi malire. Kwa ife a ku Balaka izi si zachilendo: munthu wobadwa chisanafike chaka cha 1998 mapepala ake amati Machinga, ngakhale mudzi uli pomwe unali.

Apa ndi pamene bukuli limagwira ntchito yake. Linatuluka mu 1987 ndipo lili ndi mapu pafupifupi 400. Chigawo chilichonse chili ndi mapu a chaka chilichonse cha kalembera, ndipo kalemberayo amachitika zaka khumi zilizonse kuyambira 1790. Malire a chakacho anajambulidwa ndi mizere yakuda, malire a masiku ano ali pansi pake ndi mizere yoyera. Ndiye pa tsamba la North Carolina la 1880 mumaona ndi maso kuti dera limene lero ndi Vance lagawikana patatu, ndipo mumadziwa kuti muyenera kugogoda makomo atatu. Ife tinawapeza pa khomo loyamba. Banja lija linalembedwa ku Granville County mu 1880, bambo, mayi ndi ana, kuphatikizapo mnyamata amene anadzakhala agogo a apongozi anga.

Chimene ndinadzachizindikira pang'onopang'ono, ndipo ndi chimene chandichititsa kulikonda bukuli, n'chakuti mapepala satsatira malire atsopano. County yatsopano ikabadwa imayamba mabuku ake opanda kanthu. Zonse zakale zimatsala ku khoti la county yakale. Choncho ukwati wa mu 1875 wa anthu a ku Henderson muufune ku Oxford, likulu la Granville, osati ku Henderson. Mukabwerera m'mbuyo kwambiri nkhani ndi yomweyo: Warren ndi Franklin zinabadwa mu 1779 kuchokera ku Bute County, imene lero kulibenso. Ngakhale zigawo zenizenizo zinadukaduka. Kentucky inachoka ku Virginia mu 1792, Maine ku Massachusetts mu 1820, West Virginia ku Virginia mu 1863. Munthu akhoza kulembedwa kuti anabadwira ku Virginia pepala lina, ku West Virginia pepala lina, onse olembawo osanama.

Pambali pa mapu aliwonse pali mawu ochepa onena ngati kalembera wa chakacho alipo kapena anatayika. Poyamba ndinkangowadumpha, pano ndimayamba kuwerenga amenewo. Kalembera wa 1790 wa Granville anatayika, pamodzi ndi wa Caswell ndi Orange. Wa Virginia, Georgia, Kentucky, Delaware ndi New Jersey wa chaka chomwecho kulibenso. Choopsa kwambiri ndi 1890: moto umene unabuka mu 1921 m'nyumba ya boma ku Washington unachititsa kuti kalembera wa dziko lonse awonongeke, ndipo mwa anthu pafupifupi 63 miliyoni, mayina otsala amangopitirira pang'ono 6,000. Mwana wobadwa mu 1882 amene anakwatiwa asanafike 1900 simudzamuona pakhomo pa makolo ake mu kalembera aliyense. Kudziwa zimenezi kumakupulumutsani kuti musataye masabata mukufunafuna chinthu chimene chinapsa kalekale.

Tsopano pomwe bukuli limathera mphamvu, ndipo kwa banja ngati lathu ndi nkhani yaikulu. Mapu amabwerera mpaka 1790, koma mayina a anthu athu sabwerera nawo. Kuyambira 1790 mpaka 1840 kalembera ankatchula dzina la mwini khomo yekha, ena onse anali manambala. Mu 1850 anayamba kutchula aliyense, koma mfulu zokha. Akapolo, amene pofika 1860 anali pafupifupi 4 miliyoni, analembedwa pa ndandanda wapadera pansi pa dzina la mbuye wawo: zaka, mwamuna kapena mkazi, khungu, dzina ayi. Kalembera woyamba kutchula anthu onse akuda ndi mayina awo ndi wa 1870, ukapolo utatha mu 1865. Bambo wa banja la ku Granville uja tinamupeza mu 1870 ali mnyamata wogwira ntchito m'munda. Kuseri kwa chaka chimenecho mapu amakuuzani bwinobwino county yoyenera, koma mukatsegula tsamba la 1860 mumangoona mizere ya anyamata a zaka khumi ndi zingapo opanda mayina, ndipo aliyense mwa iwo akhoza kukhala wanu.

Sindikuliimba mlandu bukuli pa zimenezi, silinalonjeze zoposa apo. Ndiponso zimene zimathandiza kudutsa 1870 nazonso zimafuna kuti mudziwe county. Mu 1866 North Carolina inalamula kuti anthu amene anali akapolo, omwe ankakhala ngati banja, akalembetse ukwati wawo ku county, natchule nthawi imene anayamba kukhalira limodzi. Pali mapepala a Freedmen's Bureau, bungwe la boma lothandiza anthu omasulidwa ku ukapolo limene linagwira ntchito kuyambira 1865 mpaka 1872, ndi a Freedman's Savings Bank, banki ya anthu omwewo, amene kawirikawiri amatchula makolo ndi abale a munthu wotsegula akaunti. Kenako pali mawilo (makalata onena za kagawidwe ka chuma munthu akamwalira) ndi mapepala a chuma chamasiye a eni akapolo, momwe anthu amatchulidwa dzina loyamba lokha, pamndandanda umodzi ndi akavalo ndi makasu, mtengo uli pambali. Apongozi anga anakana kuwerenga masamba amenewa, ndipo sindinawakakamize. Chenjezo limodzi apa: musathamangire kuganiza kuti dzina la banja lanu ndi la mbuye womaliza. Ambiri anasankha dzina lina atamasulidwa.

Ndinene pang'ono za mabuku a mbiri ya ma county, aja akuluakulu osindikizidwa cha m'ma 1880 mpaka kuchiyambi kwa m'ma 1900, popeza anthu amawatama kwambiri. Ambiri mwa iwo munthu ankalipira kuti mbiri yake ilowemo, ndiye aliyense ndi wolimbikira, wopemphera, wochokera ku banja lolemekezeka. Amathandiza pa mayina a matchalitchi, zigayo ndi mabanja amene anali ndi minda ikuluikulu. Anthu amene ankalima mindayo simuwapezamo kawirikawiri.

Zofooka zina za buku la mapuli zimaonekera mukaligwiritsa ntchito nthawi yaitali. Limangoonetsa malire a chaka cha kalembera, ndiye ngati malire anasintha mu 1883 nasinthanso mu 1887, simuziona, chonsecho ukwati kapena kugulitsa malo sikudikira kalembera. Matauni ang'onoang'ono, misewu ndi manda mulibe, moti pamafunika mapu ena pambali kuti mudziwe pomwe mudzi unali. Limathera pa 1920, pamene kalembera wa 1950 anatsegulidwa kale kwa anthu onse mu April 2022, malinga ndi lamulo lodikira zaka 72. Ndipo laibulale ya Newberry ya ku Chicago ili ndi Atlas of Historical County Boundaries pa intaneti, yaulere, imene imasonyeza kusintha kulikonse kwa malire ndi tsiku lake. Kunena zoona, imeneyo ndi yatsatanetsatane kuposa bukuli.

Nanga ndimaligwiritsirabe ntchito chifukwa chiyani? Kompyuta ikakhala pa FamilySearch, tsamba la pa intaneti lofufuzira mibadwo ya mabanja, bukuli limakhala lotsegula pambali pake, ndipo kutembenuza masamba atatu n'kuona 1860, 1870 ndi 1880 motsatizana kumandifulumira kuposa kudinadina. Mawu aja onena za kalembera wotayika alinso pa tsamba lomwelo. Ngati banja limene mukufufuza linakhala county imodzi yokha, kapena linafika ku America pambuyo pa 1920, musawononge ndalama, kaoneni ku laibulale masamba ochepa amene mukufuna. Ngati linayendayenda, kapena ndi la kummwera kumene ma county ankagawidwa pafupipafupi, gulani ngakhale logwiritsidwa kale ntchito monga ndinachitira ine, poti malire a 1880 sadzasinthanso.

Ife pakali pano taima pa 1870. Tili ndi mabanja awiri a eni akapolo a ku Granville amene tikuwaganizira, ndipo mapepala a chuma chawo chamasiye ali ku State Archives of North Carolina ku Raleigh. Alamu anga avomera kudzatiyendetsa sukulu zikatsekera.