Palmerston ndi Salisbury, dolo anali ndani?

Onse awiri anakhalapo nduna zazikulu za Britain. Palmerston analowa palamenti mu 1807 nkukhalamo pafupifupi zaka 58 amwene, mpaka anamwalira mu 1865 akadali nduna yaikulu. Ulodi wake (udindo wobadwa nawo wa Lord) unali wa ku Ireland ndiye sumamuletsa kukhala mu House of Commons, nyumba ya aphungu osankhidwa, ndipo mkulu ameneyu sankachedwa kutumiza zombo zankhondo, funsani Greece mu 1850.

Salisbury anali wa phee, wodana ndi zosinthasintha. Anayimira dera la Stamford mu palamenti kuyambira 1853 popanda opikisana naye, bambo ake atamwalira mu 1868 basi kutenga ulodi wawo nkukalowa House of Lords, nyumba ya malodi, ndipo boma analiyendetsa ali konko katatu konse. Ine ndimamuopa uyuyu kuposa waphokoso uja, paja ndi amene anaopseza Portugal mu 1890 kuti ichoke ku Shire, pofika 1891 dziko lathu lili mmanja mwa Britain.