Ndemanga: ulendo wolipira wa Loweruka ndi Lamulungu ku Chipata ndi ku Mfuwe

Ndikupereka nyenyezi zinayi mwa zisanu, ndipo yachisanuyo yatayika chifukwa cha tsiku lokaona nyama ku Mfuwe lokha. Kampani yokonza ulendowu ndi yaing'ono, ya ku Chipata komweko: anthu awiri, galimoto imodzi ya Noah ndi nambala ya WhatsApp. Amagulitsa ulendo wa masiku awiri, ndipo pa mtengo wake pali malo ogona, galimoto, wokuperekezani ndi chakudya chamasana. Ife tinapita pa tchuthi cha kumayambiriro kwa July, chija cha Heroes ndi Unity. Tinali ine, amuna anga, ana athu awiri obadwira ku Lusaka, ndi apongozi anga amene kwawo ndi ku Chadiza.

Kulembetsa sikunavute. Tinatumiza theka la ndalama pa foni, lisiti linabwera nthawi yomweyo. Chimene chinandigwira mtima n'chakuti mayi amene amayankha foni anafunsa okha ngati pali wachikulire wovutika kuyenda, komanso ngati pali chakudya chimene wina sadya. Kuchokera ku Lusaka mpaka ku Chipata ndi makilomita pafupifupi 570 pa Great East Road, tsiku lonse limathera m'basi, choncho nyamukani Lachisanu m'mawa ngati mukufuna kuti Loweruka likhale lanu. Tinapeza wotiperekeza akutidikira pa siteshoni, ndipo asanagwire chikwama chilichonse anayamba wapereka moni kwa apongozi: "Mwayenda bwanji amama? Miyendo ili bwanji?" Kuyambira pamenepo apongozi anayamba kumutchula kuti mwana wanga.

Loweruka ndi limene ndalama zathu zinagwira ntchito. Wotiperekezayu amaidziwa Chipata monga munthu wokuliramo, sanachite kuloweza papepala. Tinayambira ku Down Shops, kumene kuli masitolo akale a amwenye ndi mizikiti yooneka patali. Anafotokozera ana kuti tauniyi inkatchedwa Fort Jameson, kuti inali likulu la North-Eastern Rhodesia mpaka 1911 pamene dzikolo linaphatikizidwa ndi la kumadzulo, ndiponso kuti Chipata inakwezedwa kukhala mzinda mu 2017. Mwana wanga wamkulu ali giredi 7, zina mwa izi anaziwerenga kusukulu, koma anali asanaganizepo kuti zinachitikira pa misewu imene agogo ake ankaguliramo nsalu ali mtsikana. Tinagula masamusa otentha n'kumadya tikuyenda, uku tikupatukira njinga zonyamula anthu zimene zili ponseponse m'tauni muno.

Kenako tinapita ku Feni, kumene kuli nyumba yachifumu ya Inkosi ya Makhosi Mpezeni, ku Ephendukeni, ndi nyumba yosungiramo zakale yotchedwa dzina la Nsingo. Apa wotiperekeza anachita bwino kwambiri. Usiku wa Lachisanu anali atatiuza kale kuti ine ndi mwana wamkazi titenge zitenje, ndi kuti amuna avule zipewa tikafika. Nkhani ya Angoni anaikamba mwadongosolo: mmene anawolokera Zambezi mu 1835 motsogozedwa ndi Zwangendaba, tsiku limene kadamsana anadetsa dzuwa, ndi mmene Nsingo, mwana wa Mpezeni woyamba, anatsogolera nkhondo yolimbana ndi azungu mpaka kuphedwa mu 1898. Sanakometse, sanabise zoti Angoni nawonso anasautsa Achewa amene anawapeza kuno. Apongozi, amene ndi Mchewa weniweni, anamutsutsa pang'ono pa zina, iye n'kumaseka mwaulemu: "Inu amama ndinu mukudziwa, ife timangomva." Ana anamva mbali zonse ziwiri, ndipo zimenezi sakanazipeza m'buku. Nyumba yosungiramo zakaleyo ndi yaing'ono, ola limodzi likukwanirani, koma musapite opanda munthu wodziwa kufotokoza.

Za chakudya ndikambe momasuka chifukwa ndi chimene chinandikopa kusankha anthu awa. Ambiri okonza maulendo amakutengerani ku loji kukadya tchipisi ndi soseji, zomwezo zimene mwazisiya ku Lusaka. Awa anatitengera ku Kapata, kwa amayi ena ophika pafupi ndi msika amene anali atawauziratu. Panali nsima ya mgaiwa, nkhuku yakumudzi yophikidwa mosathamanga mpaka msuzi kugwira, chiwawa chotendera, therere ndi nyemba. Nsinjiro za kuno ndi zina. Dera lino ndi la mtedza, ndipo mu July umakhala wangokololedwa kumene, choncho ndiwo zotendera zimanunkhira usanatsegule mbale. Madzi osamba m'manja anabwera ofunda, anayambira kwa apongozi monga mwa mwambo, ndipo malowo anali osesedwa bwino. Pomaliza anatipatsa thobwa. Mnyamata wanga amene kunyumba amakana masamba anapempha chiwawa kachiwiri. Mbewa tinaziona zikugulitsidwa m'mbali mwa msewu. Amuna anga anagula, ana anangoyang'ana, ndipo wotiperekeza sanawakakamize kapena kuwaseka.

Madzulo tinakwera phiri la Kanjala. Apongozi anatsala m'galimoto, ife tinakwera mpaka pamene mzinda wonse ukuonekera uli m'chigwa, mapiri atauzinga. Njira yake ndi ya miyala, valani nsapato zotseka, ndipo tengani juzi chifukwa mphepo ya July dzuwa likangopendeka imaluma.

Malo ogona anali apakatikati. Zofunda zoyera, bwalo lotetezeka, koma magetsi atazima madzi otentha anatha ndipo tinasamba a m'ndowa otenthetsa pa mbaula. Ogwira ntchito anathamanga nazo popanda kudandaula, ndiye sindikuwaimba mlandu waukulu. Kungoti okonza ulendo akanatiuziratu.

Vuto lenileni linali Lamulungu. Papepala analemba kuti tidzaona nyama ku South Luangwa National Park n'kubwerera tsiku lomwelo. Kuchoka ku Chipata kufika ku Mfuwe ndi makilomita pafupifupi 130. Msewu ndi wa phula, koma umadutsa m'midzi yambiri, muli njinga, mbuzi ndi ana, sungathamange. Tinanyamuka 7 koloko titadya kadzutsa, ndipo pomwe tinkafika pa geti dzuwa linali litakwera kale, magalimoto a m'maloji akutuluka. Nyama zimayenda m'mamawa ndi madzulo. Masana zimabisala m'mithunzi. N'chifukwa chake a kumeneko amalowa cha m'ma 6 koloko m'mawa, n'kulowanso cha m'ma 4 madzulo mpaka kugwa mdima. Ife tinalowa pa nthawi imene aliyense wodziwa amakhala akupuma.

Sikuti sitinaone kanthu. Pa mlatho wa Luangwa, pafupi ndi geti pomwepo, mvuu zinali mbwee m'madzi ndipo ng'ona zinali zitagona pamchenga. Tinaona njovu, mbidzi, nswala, ndi nyamalikiti zija za Thornicroft zimene sizipezeka kwina kulikonse koma m'chigwa cha Luangwa. Ana anakondwa. Koma mkango ndi kambuku, zimene paki imeneyi imatchuka nazo, sitinazione, ndipo Noah si galimoto yoonera nyama: ndi yotsika, mawindo ake ndi aang'ono, wokhala pakati amangoona misana ya anzake. Wotiperekeza uja, amene dzulo lake anali katswiri, m'tchire anali mlendo monga ife. Chigwachi ndi chimene Norman Carr anayambitsiramo maulendo oonera nyama wapansi, ndipo chili ndi operekeza ophunzitsidwa bwino, ambiri a iwo ana a ku Mambwe komweko. Kampani ya ku Chipata ingachite bwino kugwirizana ndi mmodzi wa iwo kuti azilandira alendo pa geti ndi galimoto yotseguka, m'malo moyesa kuchita zonse yokha.

Chinanso, ndalama yolowera m'paki sinali pa mtengo umene tinalipira, ndipo tinazidziwa tili pa geti. Nzika za Zambia zimalipira zochepa kusiyana ndi alendo akunja, koma muyenera kuonetsa reji (chitupa cha unzika), choncho musaisiye. Ndinawauza maganizo anga pobwerera. Anavomera kuti uthenga wawo sunanene momveka, anapepesa, ndipo sanakangane nane.

Kwa amene akufuna kulembetsa: tengani ulendo wa m'tauni, ku Feni ndi chakudya cha ku Kapata mosakayika, makamaka ngati muli ndi ana okulira kutali ndi kwawo. Za ku Mfuwe, auzeni kuti mukufuna kukagona komweko Loweruka usiku kuti mulowe m'paki m'mamawa, apo ayi zisiyeni zidzakhale ulendo wina. Funsaninso kuti akulembereni zonse zimene zili pa mtengo ndi zimene mudzalipire nokha. Ndipo ngati mukufuna kupita kumapeto kwa February pa mwambo wa Angoni wa Nc'wala ku Mtenguleni, kapena kumapeto kwa August pa mwambo wa Achewa wa Kulamba ku Mkaika kwa Kalonga Gawa Undi, lembetsani kudakali miyezi, chifukwa masiku amenewo malo ogona ku Chipata ndi ku Katete amadzaza msanga, ndipo anthu awa galimoto ali nayo imodzi yokha.