Sukulu ya galimoto ya ku Limbe imene inandiphunzitsa kuopa mzere woyera

Ndinalowa sukulu yophunzitsa kuyendetsa galimoto ndili ndi zaka 43. Ndimagulitsa zitenje ku Limbe, ndipo zaka zonsezi katundu ndinkanyamula pa minibasi kapena kuchita hayala. Bambo a kunyumba atagula ka Sienta, kankangokhala pabwalo iwo akachoka, ine n'kumalimbana ndi mabelo pa siteji. Ndiye ndinati ayi, ndikaphunzire. Anzanga a mumsika akhala akundifunsa ngati sukulu imene ndinapitako ili bwino, ndipo yankho langa silikwana pa mawu awiri, n'chifukwa chake ndalemba pano. Dzina la sukuluyo sinditchula poti pali zina zimene ndidandaule, koma ndi imodzi mwa zija zili ndi ofesi ya chipinda chimodzi kuseri kwa mashopu, ndi magalimoto awiri okhala ndi chilembo chofiira cha L.

Ndiyambe ndi zodandaulazo kuti zichoke. Ndinalipira masiku 30, tsiku lililonse mphindi 30. Nthawi sankasunga. Ankanena kuti 7 koloko, galimoto n'kufika cha m'ma 8, ine shopu ili chitsekere. Masiku ena tinkakwera ophunzira anayi, ndiye kuti udikire anzako atatu amalize, m'mawa wonse wapita. Galimoto imene ndinkaphunzirira inali Corolla yakale ya magiya, klachi yolimba moti mwendo wamanzere unkawawa mpaka madzulo, ndipo galasi la kumbali ya wokwera linali lomanga ndi waya. Mtsikana wa mu ofesi anasokoneza masiku anga kawiri, tinachita kuwerengetsana m'kope. Amene akufuna malo owala ndi galimoto yonunkhira utsopano, kumeneku si kwake.

Pa mapepala anandithandiza bwino. Anandiperekeza ku Road Traffic ku Ginnery Corner kukapangitsa khadi la traffic register, lija amajambula nkhope ndi zala, anandibwereka buku la Highway Code, ndipo anandikonzekeretsa mayeso a zikwangwani mpaka ndinapeza laisensi ya wophunzira ulendo woyamba. Izi sukulu zambiri zimachita. Chimene sindikhulupirira kuti chimapezeka paliponse ndi mphunzitsi amene ndinagwa m'manja mwake.

Ndi bambo wachikulire, wa imvi, wolankhula motsitsa. Anayendetsapo mathiraki zaka zambiri, njira ya ku Mwanza kudutsa Tete mpaka ku Beira. Tsiku loyamba, ndisanalize n'komwe injini, anandiuza kuti nditsike. Tinaima m'mbali mwa msewu, iwo n'kuloza pansi.

"Mayi, mukuona chiyani apo?"

"Mzere woyera, bambo."

"Wodukizadukiza kapena wosaduka?"

"Wosaduka."

"Umenewo ndi khoma. Muziuona ngati khoma la njerwa. Kuno kwathu timayenda kumanzere. Mbali inayo ili ndi eni ake, ndipo eni akewo akubwera."

Ndinkaganiza kuti ndi mawu a tsiku loyamba chabe. Ayi ndithu. Masiku onse 30 nkhani inali yomweyo. Kuimika galimoto chobwerera m'mbuyo, kunyamuka pachitunda osabwerera, kuzungulira raundabauti ya pa Chipembere Highway, zonsezo anandiphunzitsa, koma mwachidule. Pamene ankakhalitsa ndi pa nkhani ya kuovateka. Mzere wodukizadukiza ukulola kudutsa mnzako ngati kutsogolo kukuoneka bwino. Wosaduka sukulola. Ikakhala iwiri, wina wosaduka wina wodukizadukiza, uyang'ane umene uli mbali yako, ndiwo ukukulamula. Mzere wachikasu wa m'mphepete si msewu wachiwiri, kumeneko kumayenda anthu apansi ndi a njinga. Ndipo ngakhale penti itafufutika, monga zilili m'misewu yathu yambiri, pokhota, pamwamba pa chitunda, pamlatho, pamphambano ndi powolokera anthu sipodutsirana. Ankandiuza kuti ndizitchula ndekha mokweza ndikuyendetsa: "pokhota, sindidutsa", "chitunda, sindidutsa". Ophunzira anzanga a kumbuyo ankatopa nazo. Ine lero ndikuyendetsa ndekha pakamwa pamatchulabe.

Sabata yachitatu anatitulutsa m'tauni. Tinadutsa raundabauti ya Kameza n'kulowa msewu wa M1 wopita ku Lunzu. Aka kanali koyamba kuti ndiike giya yachinayi. Tisanafike ku Lunzu tinapeza lole yodzaza njerwa ikukwera kachitunda ngati ikukankhidwa ndi anthu, utsi wakuda uli tolotolo kulowa pawindo. Kumbuyo kwanga kunadzaza magalimoto. Minibasi ina inayamba kuliza hutala, kondakitala atatulutsa mutu akukuwa kuti, "Amayi inu, msewu si wanu nokha!" Kenako inatuluka, kudumpha mzere wosaduka, n'kudutsa ine ndi lole yomwe pakamodzi. Inadutsa bwinobwino. Mtima wanga unati, ngati uyu wadutsa ndiye kuti kulibe kanthu. Ndinayatsa indiketa ya kumanja, chiwongolero n'kuyamba kupotoza.

Galimoto inangoti gwa, kuchepa liwiro yokha. Anali aphunzitsi, aponda buleki ya mbali yawo, dzanja lawo lagwira chiwongolero kuchibwezera kumanzere. Sanakalipe. Anangoti, "Werengani, mayi." Ndinawerenga: wani, thu, fili. Pa folo, basi yaikulu yochokera ku Lilongwe inatulukira pamwamba pa chitundapo, mphepo yake n'kugwedeza ka Corolla konse. Manja anga ananyowa. Mtsikana amene anakhala kumbuyo anagwira pakamwa.

Tinakaima pa Lunzu pafupi ndi ogulitsa tomato. Anatenga bolopeni n'kulemba kuseri kwa risiti ya mafuta. Anati galimoto ziwiri zikamabwera moyang'anizana, iliyonse pa liwiro la makilomita 80 pa ola, ndiye kuti zikuyandikirana pa 160, ndipo pa sekondi imodzi mpata umachepa ndi mamita 44. Anati thiraki ya ngolo ziwiri imafika mamita 22 kutalika kwake. Iyo ikamayenda pa 60 iwe pa 80, kuti uyidutse n'kubwerera mbali yako bwinobwino pamafunika masekondi oposa 10. Pa nthawi imeneyo iwe wayenda mamita oposa 200, wobwera kutsogoloyo wayendanso chimodzimodzi. "Ndiye ngati simukuona msewu wopanda kanthu kutalika ngati mabwalo a mpira asanu, khalani kumbuyo kwa lole. Utsi umachoka ndi sopo." Kapepalako ndinakasunga, kali m'kabokosi ka kutsogolo m'galimoto mwanga.

Pobwerera anawonjeza china chimene m'buku mulibe. Madalaivala a mathiraki ali ndi chizolowezi chopereka zizindikiro: akayatsa indiketa ya kumanja akuti usadutse, akayatsa ya kumanzere akuti kutsogolo kuli bwino. Iwo anati nawonso ankachita zimenezo pa ntchito yawo, ndipo nthawi zambiri n'zoona, koma munthu asaike moyo wake pa indiketa ya mnzake. Mwina akukhota, mwina akupewa dzenje, mwina sanaone njinga yamoto yopanda nyale. Maso ndi ako. Ndipo wina akamakudutsa iweyo, lamulo likuti ukhale kumanzere, usawonjeze moto. Ambiri amachita manyazi kudutsidwa, makamaka akaona kuti wodutsayo ndi mzimayi, n'kuyamba mpikisano, mnzawo ali mbali ya eni ake.

Za zilango ankaphunzitsa Loweruka m'kachipinda ka ofesi, titakhala pa benchi. Apa ndinaona kusiyana ndi zimene anzanga ophunzira kwina amandiuza, kuti iwo anangoloweza zikwangwani basi. Bambowa anatifotokozera kuti malamulo a pamsewu ali mu Road Traffic Act ya 1997, ndipo kulowa mbali ya magalimoto obwera pamalo oletsedwa kungakugwetse m'mavuto a misinkhu yosiyana. Apolisi a trafiki akakuona ukudumpha mzere wosaduka, amakuimitsa n'kukulipiritsa chindapusa. Anatitsindika kuti ndalamayo ndi ya boma, ulandire risiti ya boma, ndipo usayambe iwe kunena zoti "tingogwirizana, bwana", chifukwa pamenepo wawonjeza mlandu wa ziphuphu pamwamba pa wa msewu. Zikakhala kuti waika miyoyo ya ena pachiswe, nkhani imasanduka ya kuyendetsa mosasamala, yomwe ili pa gawo 126 la lamulolo, ndipo imeneyo imakathera kukhoti. Kumeneko woweruza angakulipiritse, angakutsekere, angakuimitsenso kuyendetsa. Munthu akafa, mlandu wake ndi wopha munthu chifukwa choyendetsa mosasamala. Anatikumbutsanso kuti pa ngozi apolisi amayeza ndi kujambula pamene galimoto iliyonse inali, ndipo a inshuwalansi amafuna lipoti la apolisi lomwelo. Ngati magalasi osweka ndi mikwingwirima ya matayala zili mbali ya mnzako, pakamwa pako sipangakuthandize.

Mnyamata wina m'kalasimo anafunsa kuti chindapusa chake ndi zingati, kuti adziwiretu. Aphunzitsi anamuyang'ana nthawi yaitali. "Mwana wanga, ukufuna udziwe mtengo kuti uone ngati ungakwanitse? Ine ndinanyamulapo anthu pamsewu wa ku Zalewa usiku, ndi manja awa. Panalibe wofunsa za risiti." Sanapitirize, ndipo palibe anafunsanso.

Ndinakhoza mayeso a pamsewu ulendo wachiwiri. Woyamba ndinalephera poimika galimoto chobwerera, ndipo apa ndiikepo dandaulo lina: masiku ophunzira zoimika anali ochepa, atatu okha, pamene woyesa amayang'ana kwambiri zimenezo. Ndinalipiranso masiku asanu owonjezera. Ndikanakonda sukuluyi ikanagawa bwino nthawi, kapena kunena poyambirira kuti munthu wamkulu ngati ine masiku 30 sangamukwanire. Ndalama yowonjezerayo inandipweteka chifukwa sindinaikonzekere.

Koma phindu lake ndinaliona miyezi ingapo nditatenga laisensi ya Code B, ya magalimoto ang'onoang'ono. Tinkapita kumaliro ku Chikwawa, ine ndikuyendetsa, m'galimoto muli alamu anga ndi azimayi atatu a kumpingo. Amene anatsikapo mapiri aja kupita ku Thabwa akudziwa mmene msewuwo umapindikira, kona pamwamba pa kona, kumbali kuli phompho, Shire akuoneka pansi patali. Kutsogolo kwathu kunali thiraki ikutsika pa giya yoyamba, mabuleki akununkha. Alamu anayamba: "Alamu, dutsani apa, tichedwa mwambo. Ine pano ndimadutsa tsiku lililonse." Ndinayankha kuti, "Alamu, pepani, mzerewu sukundilola, ndipo kona iyo sindikuona kuseri kwake." Anadandaula njira yonse, mpaka kunena kuti akanadziwa akanakwera minibasi. Tinatsika kumbuyo kwa thirakiyo mpaka kuchidikha, pamene msewu unawongoka ndi mzere kuyamba kudukizadukiza. Pamenepo ndinayang'ana pagalasi, kuyatsa indiketa, kudutsa, kubwerera kumanzere. Tinafika mwambo usanayambe. Mmodzi mwa azimayi aja, amene mwana wake anavulala pa ngozi ya minibasi zaka zapitazo, anandigwira dzanja potsika osanena kanthu.

Chimene chimandiwawa n'choti m'tauni muno kuyenda mbali ya eni ake kwasanduka chizolowezi. Madzulo pa Limbe mzere wa magalimoto ukangotalika, wina amatuluka n'kupanga mzere wake kumanja, ena asanu n'kumutsatira, obwera kutsogolo n'kusowa podutsa, msewu wonse n'kutsekeka. A kabaza a njinga zamoto ndiye amalowa paliponse, ngakhale pa msewu wa mbali ziwiri ngati Chipembere Highway umakumana nawo akubwera mosemphana, atanyamula mayi ndi mwana kumsana wopanda chipewa. Ambiri mwa anyamatawa sanakhalepo pa benchi ngati ija ndinakhalapo ine. Sindikuwada, akusaka ya ufa ngati ine ndemwe, koma wowauza kuti mzere uja ndi khoma sanapezeke. Ndipo ena amene ali ndi laisensi m'thumba anaphunzitsidwa ndi anthu ongofuna kuti wophunzira akhoze mayeso achoke, abwere wina.

Ndiye kwa amene mukundifunsa: pitani, koma pitani mukudziwa. Nthawi adzakuchedwetsani, galimoto ndi yotopa, masiku anu muzilemba nokha m'kope lanu ndipo muzisainitsa tsiku lililonse. Mufunse poyambirira kuti masiku oimika galimoto ndi angati, ndipo ngati n'kotheka mulipiriretu owonjezera. Mufunsenso ngati amatulutsa ophunzira kunja kwa tauni, chifukwa kuzungulira m'misewu ya m'makwalala mokha sikungakuphunzitseni kukhala kumbuyo kwa lole anthu akukuimbirani hutala. Sukulu iliyonse imene mungasankhe, funso limenelo mulifunse.

Mwana wanga wamkazi akwanitsa zaka 18 chaka chamawa. Ndapita kale ku ofesi kuja kukanena kuti ndikufuna bambo omwe aja, ola la 6 m'mawa ophunzira ena asanachuluke, ndipo ulendo wa ku Lunzu apite naye kawiri.