Ndemanga: Nintendo 64 ya ku Japan ndi katiriji ya Super Mario 64

Anzanga okonda magemu akale, ngati mukufuna kuyamba speedrun, kuthamangitsa gemu kuti ithe m'mphindi zochepa, gulani Nintendo 64 ya ku Japan, osati ya ku Ulaya. Yanga ndinaipeza kwa bambo ena ogulitsa zamagetsi za kaunjika ku Limbe, pamodzi ndi katiriji ya Super Mario 64, ndipo ndakhala ndikuisewera pafupifupi madzulo aliwonse.

Nkhani yagona pa liwiro. Makina ambiri omwe ankafika kuno ankachokera ku UK kapena ku Joni, ndipo onsewo ndi a PAL, mtundu wa chithunzi cha TV woyenda pa 50Hz. A ku Japan ndi ku America ndi a NTSC, oyenda pa 60Hz. Super Mario 64 ya PAL imatulutsa zithunzi 25 pa sekondi, pomwe ya ku Japan imatulutsa 30. Pongomva zingaoneke zochepa, koma zala zimazindikira msanga. Mario wa ku Japan ndi wopepuka, ukangodina walumpha kale. Ndikabwerera pa ya PAL ya mnzanga ku Ndirande, ndimaona ngati Mario akuyenda m'matope a dzinja.

Tsono chenjerani, makatiriji a ku Japan a gemuyi alipo a mitundu iwiri. Yoyamba inatuluka mu June 1996. Mu 1997 anatulutsanso ina yotchedwa Shindou, yomwe imanjenjemeretsa kontirola mukaikamo Rumble Pak. Osunga magemu akale amaikonda Shindou, ndipo ndi yabwinodi kusewera mongosangalala. Koma m'menemo anatsekamo BLJ, kulumpha chafutambuyo kuja komwe Mario amasonkhanitsa liwiro pa masitepe mpaka kupyola chitseko chotseka. Popanda BLJ simungadutse masitepe osatha a kumapeto kwa gemu musanatolere nyenyezi 70, ndiye kuti mpikisano womaliza gemu ndi nyenyezi 16 zokha mwautaya. Mu mpikisano umenewu mumatolera nyenyezi 15 kuti kalulu MIPS atulukire m'chipinda chapansi, mumamunyamula n'kumugwiritsa ntchito kulowa chitseko cha nyenyezi 30, mumatola ya 16 kuseri kwake, kenako BLJ imakukwezani mpaka pa nkhondo yomaliza ndi Bowser, mdani wamkulu wa Mario. Gemu ya nyenyezi 120 imathera pomwepo, ndipo tsiku lomwe zinandithekera koyamba ndinakuwa mpaka aneba anafunsa ngati kuli mpira. Katiriji yanga ndi ya 1996, ndipo bambo aja anandilola kuiyesa ndisanapereke ndalama. Pamenepo ndiwayamikire.

Zovuta zilipo, ndipo zimadya m'thumba. Choyamba ndi magetsi. Adaputa ya ku Japan ndi ya 100V, pomwe athu kuno ndi 230V. Mukangolumikiza pakhoma mwachindunji mwaiotcha. Pamafunika thiransifoma yotsitsa mphamvu, ndipo wogulitsayo sanaitchule n'komwe, ndinachita kufunsa ndekha. Zimenezi sizinandisangalatse, chifukwa mwana wasukulu amene wasunga ndalama miyezi yambiri akhoza kuwononga makina tsiku lomwelo.

China ndi TV. Ma TV ena akale a PAL salandira NTSC bwinobwino, chithunzi chimabwera chopanda mitundu. Ma TV amakono opyapyala ambiri amaonetsa mitundu, koma amachedwetsa chithunzi pang'ono, ndipo pa BLJ kuchedwa pang'onoko n'kokwanira kukugwetsani.

Kontirola inabwera ndodo yake itagwedera kale. Ndi matenda odziwika a Nintendo 64: pulasitiki ya m'kati imaperesedwa mpaka kusanduka ufa woyera. Musanagule, gwedezani ndodoyo muone ngati ikubwerera pakati yokha.

Katiriji yokhayo ndilibe nayo dandaulo. Ndinapukuta mano ake ndi thonje lonyowetsa ndi spiriti, n'kuyaka nthawi yomweyo. Super Mario 64 sidalira batire posunga pomwe mwafika, choncho nyenyezi za mwini wake woyamba ndinazipeza zikadalimo, patapita zaka zonsezi. Mawu a Chijapani sanandisokoneze, poti gemuyi siyofuna kuwerenga kwambiri, koma amene akuisewera koyamba adzavutika kumva malangizo a nyenyezi iliyonse.

Dziwaninso kuti makatiriji a PAL omwe muli nawo kunyumba sagwira pa makinawa, chifukwa chipangizo chotsekera chigawo n'chosiyana. A ku America amagwira, chomwe chimawaletsa kulowa ndi tipulasitiki tiwiri ta m'kamwa mwa makina basi, ndipo amisiri okonza mafoni atha kukuchotserani.

Pa nyenyezi zisanu ndikupereka zinayi, imodziyo yapita chifukwa cha kontirola ndi nkhani ya thiransifoma. Pano ndikusaka TV yakale ija ya msana waukulu yolandira NTSC. Amene muli nayo ku Chilomoni, ku Bangwe kapena kwina kulikonse mu Blantyre muno, musaitaye, ndibwera kudzaiona Loweruka.