Elimination kapena substitution: mugwiritse iti?

Pa samu za mizere iwiri zofuna kupeza x ndi y (simultaneous equations) pali njira ziwiri: elimination, kuphatikiza kapena kuchotsera mizereyo kuti chilembo chimodzi chichoke, ndi substitution, kulowetsa zomwe chilembo chimodzi chikuimira mumzere winawo. Musanasankhe njira, yambani mwaiyang'anitsitsa samuyo.

Mwapatsidwa 3x + 2y = 12 ndi 5x − 2y = 4. Apa elimination ndiyo yachangu. Phatikizani mizere iwiriyo, ma y adyana okha, mwatsala ndi 8x = 16. Basi, x ndi 2, y ndi 3. Mukakakamira substitution pamenepa mugwera m'mafulakishoni, ndipo mpamene ana ambiri amasochera, makamaka chizindikiro cha kuchotsera chikaiwalika panjira. Zimandimvetsa chisoni, chifukwa mwanayo njira amakhala akuidziwa.

Koma pa y = 2x + 1 ndi 3x + y = 11, y waima kale payekha, ndiye apa mpa substitution. Ingomulowetsani mumzere wachiwiriwo: 5x + 1 = 11, ndiye x ndi 2, y ndi 5.

Ine pokonzekeretsa ana MSCE ndimalimbikitsa elimination, poti samu zambiri zimabwera x ndi y ali mbali imodzi.