Shu Qi wa ndewu kapena wa nkhani zofatsa: muyambire pati?

Anzanga amene anamuonera Shu Qi koyamba mu The Transporter sasiya kundifunsa kuti apitirize ndi mafilimu ake ati, a ndewu kapena aja oyenda mwakachetechete. Mayiyu anabadwira ku Taiwan mu 1976, ngakhale kutchuka kwake kunayambira ku Hong Kong.

The Transporter yomweyo, ya 2002, ine ndimaisungira chakukhosi. Okonda Jason Statham sindikukangana nanu. Koma ngati mukutsata Shu Qi, bandulo yanu ipita pachabe. Amatulukira ali m'chikwama, m'buti ya galimoto, manja omangidwa, pakamwa atamata tepi. Akamumasula, zake n'kuthawa, kukuwa, kuphika timakeke ta m'mawa, kenako kudikira kuti wina amupulumutse. Nkhonya zonse anapatsa Statham.

Chimene chimandiwawa n'chakuti Corey Yuen, mmodzi wa otsogolera filimuyi, anatulutsanso So Close chaka chomwecho. Mmenemo Shu Qi ndi chigawenga cholipidwa chogwira ntchito ndi mng'ono wake, Zhao Wei, kwinaku wapolisi Karen Mok ali pambuyo pawo. Amalowa yekha m'nyumba yosanja ya kampani atavala zoyera zokhazokha, n'kugwetsa alonda mmodzimmodzi osachita thukuta. Ndiye kuti Yuen ankadziwa bwino zimene mayiyu angathe. Nanga anamutsekeranji m'chikwama? Pa za ndewu, tengani So Close. Gorgeous ya 1999 ndi ya Jackie Chan, iye amangokhalamo mtsikana wokondedwa.

Mbali inayo ndi ya mafilimu atatu amene Shu Qi anapanga ndi Hou Hsiao-hsien, wotsogolera mafilimu wa ku Taiwan. Pano chenjerani ndi The Assassin ya 2015. Dzina lake ndi chithunzi cha mkazi wogwira mpeni zimanamiza. Nkhani ndi ya m'nthawi ya ufumu wa Tang ku China: mkazi atumidwa kukapha msuweni wake amene kale anayenera kukwatirana naye. Ndewu zake zimatha musanakhazikike bwino pampando, ndipo Shu Qi amalankhula mawu owerengeka, nthawi yambiri amangosuzumira kuseri kwa makatani. Hou analandira nayo mphoto ya wotsogolera wabwino pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, ndipo ndi yokongoladi, koma mukaiika Loweruka usiku anyamata atadzaza pabalaza, akutukwanani.

Ine mtima wanga uli pa Three Times ya 2005. Shu Qi ndi Chang Chen amasewera anthu okondana m'zaka zitatu zosiyana: 1966, 1911 ndi 2005. Chigawo cha 1966 chimayambira m'nyumba yosewerera pool ku Kaohsiung, mzinda wa ku Taiwan, mnyamata wopita ku usilikali n'kuyamba kusakasaka mtsikana wogwira ntchito mmenemo, tauni ndi tauni. M'chigawo cha 1911 mawu a anthu samveka n'komwe, amangolembedwa pa sikirini, choncho zonse zili pankhope pa Shu Qi. Filimuyi ndi imene inamupatsa mphoto ya mkazi wosewera bwino kwambiri pa Golden Horse, mphoto za mafilimu za ku Taiwan. Millennium Mambo ya 2001 muisungire tsiku limene mulibe tulo.